Zitumbuwa za Khobwe za Bambo Zuze

Loweruka lapitali tinakwanitsa chaka chimwalirireni apongozi anga, bambo Zuze, ndipo dzulo lake ndinangozindikira ndaviika kale khobwe m'beseni popanda wondituma. Inetu ine, amene ndinkalumbira kuti tsiku limene madalawa adzaleke zokazinga zawozo ndidzasesa pakhonde ndikuimba nyimbo. Mwamuna wanga Fabiano, yemwe ndi mwana wawo, anasuzumira m'besenimo, n'kundiyang'ana, n'kungodutsa osanena kanthu. Anachita bwino, chifukwa akanatsegula pakamwa ndikanalira.

Kuno ku Bangwe aliyense ankawadziwa kuti ndi agogo a zitumbuwa za khobwe. Eniake dzinali linkawanyansa. Ankati chitumbuwa n'cha nthochi ndi mgaiwa, zawozo ndi akaraje, chakudya cha anthu akuda a ku Brazil, ndipo ozitcha zitumbuwa akuzichotsa ulemu. Koma ndani angalimbane ndi Bangwe yense? Mpaka pamaliro pawo woimira mpingo anaimirira n'kunena kuti tataya agogo athu a zitumbuwa. Ine ndinachita kuyang'ana bokosi kuti ndione ngati ligwedezeke.

Anali munthu wamfupi, woonda, wamakutu akuluakulu. Chichewa chawo chinali chosakaniza ndi Chilomwe ndi Chipwitikizi, poti kwawo kunali ku Mozambique, tsidya la Muloza. Akakwiya ankangoti "Epa!" n'kudzimenya pantchafu. Anagwira ukhukhi kwa amwenye ku Limbe mpaka miyendo inayamba kutupa, koma za kumeneko sankazikamba, ankati inali ntchito basi. Zovala ankasita okha, kolala kuchita kuima, koma thalauza ankamanga ndi chingwe. Khirisimasi ina ndinawagulira lamba wachikopa wabwinobwino kuti asamatichititse manyazi kutchalitchi. Anathokoza ndi manja awiri, n'kukamupachika kuseri kwa chitseko, ndipo ali pomwepo mpaka lero.

Moyo wawo wonse unkazungulira pa Loweruka. Kaya kugwe mvula kaya kuwale dzuwa, ankakhala pakhonde moyang'ana njira yochokera ku siteji, atavala malaya oyera, mbaula ili pakati pa miyendo, n'kumakazinga. Sankagulitsa. Wodutsa aliyense ankamuitana, koma makamaka azimayi, ndipo makamakanso azimayi otsika maminibasi a ku Muloza ndi mitolo pamutu.

Ndinene pomwe pano chimene ankafuna, ngakhale ine ndinachidziwa mochedwa. Ankasaka mwana wawo wamkazi, Luwiza, amene anatayana naye pothawa nkhondo ali kamwana kongoyamba kumene kugweluka mano. Mwanayo anali ndi chipsera cha mafuta otentha pamkono wamanja, pamene timavala chibangiri, ndipo akaraje ankawakonda kuposa chilichonse. Bambo Zuze ankakhulupirira kuti ngati ali moyo, tsiku lina adzadutsa panjira imeneyi, adzamva fungo, ndipo adzaima.

Mkangano wanga ndi iwo unayamba sabata yoyamba ya ukwati wanga. Amayi a Fabiano, mkazi wachiwiri amene bambo anakwatira atafika kuno ku Malawi, anali atamwalira kale, ndiye ine ndinkayesa khitchini ndi yanga ndekha. Ndikudzuka Lachisanu ndinamva mtondo ukulira kuseri kwa nyumba. Kukasuzumira, mayo ine, apongozi aamuna agwira musi! Ndinathamanga n'kukagwada poteropo.

"Bambo, pepani ndinagonereza. Ndipatseni ndisinje."

"Apongozi, inu mudzasinja chimanga," anatero osasiya. "Khobweyu safuna mkwiyo."

"Nanga anthu akaona ati chiyani? Ati Fabiano wakwatira mlesi wosinjitsa apongozi ake."

"Atero kumene. Akatha kunenako abwera kudzadya."

Ananenadi, ndipo anabweradi kudzadya. Ine ndinatha mwezi ndikuyenda chozolika ndikamapita kotunga madzi.

Khobwe ankasankha okha kumsika, woyera wa diso lakuda, ndipo ankachita kumuluma kuti amve ngati ndi wa chaka chino. Wobooledwa ndi anankafumbwe ankamubweza, ngakhale wogulitsayo akhale mnzawo wa m'kwaya. Ankamuphwanya pang'ono mumtondo, kungomugawa pakati, n'kumupeta, kenako kumuviika. M'mawa mwake ankakhala ndi beseni n'kumafikisa khobweyo m'manja, makoko n'kumayandama, iwo n'kutsanula, kuthiranso madzi ena, kufikisanso, kutsanulanso. Madzi a kukiyosiki amene ine ndachita kusenza pamutu! Ndikadandaula ankati diso limodzi lakuda likatsalira limaipitsa mbale yonse. Khobwe akayera mbee ankamupera pamodzi ndi anyezi ndi mchere basi, pamphero imene anakagula kwa mayi wina ku Machinjiri. Ufa ayi, dzira ayi, soda ayi.

Za soda tinakangana zaka zambiri. Phala lija ankalimenya ndi mthiko kuti lifufume lokha, ndipo ine ndinkaona nkhalamba thukuta lili kamukamu, mitsempha ya m'khosi itaima.

"Bambo, kasoda pang'ono chabe, mkonowo upumeko."

"Epa! Soda ndi bodza, apongozi. Kunja chatupa, m'kati mulibe kanthu. Amene anandiphunzitsa akanandithamangitsa ndi tsache."

Fabiano atagula kamakina kamagetsi koperera zinthu, bambo anakayesa kamodzi, n'kulawa, n'kunena kuti zikumveka waya. Loweruka linalo tinawakakamiza kuti ayesenso, ndipo tili pakati popera magetsi anazima monga mwa masiku onse. Anatiseka mpaka kutsokomola, n'kundituma kuti ndikatsuke mphero.

Amene anawaphunzitsayo anali sisitere wa ku Brazil, wakuda ngati ife tomwe, yemwe anabwera kudzagwira ntchito pachipatala cha mishoni kwawoko pamene bambo anali khukhi wa masisitere. Ankati sisitereyo atangoona khobwe pamsika anagwetsa misozi, chifukwa amayi ake ankakazinga akaraje m'mbali mwa msewu atavala zoyera, ndipo ndi zimene zinamulera. Anawauza kuti chakudyachi chinachoka kuno ku Africa ndi anthu amene anatengedwa ukapolo, iye wangochibweza kwawo. Bambo nkhani imeneyi ankaikonda kwabasi. Ankati ngati khobwe anawoloka nyanja yamchere n'kubwerako, kuli bwanji mwana amene anangotsalira tsidya la mtsinje. Malaya oyera a Loweruka aja anatengera kwa sisitere ameneyu.

Mafuta ake enieni ndi ofiira, a mawese. Mnansi wathu a Nyagondwe, mphunzitsi wa ku Karonga, akapita kwawo patchuthi ankawabweretsera m'botolo, ndipo sabata imeneyo bambo ankayenda ngati awakweza pantchito. Masiku ena ankangokazingira mafuta wamba, koma anyezi wathunthu ankamuponya m'chiwaya nthawi zonse kuti mafuta asapserere. Ankaumba ndi masupuni awiri n'kutsetserezera m'mafuta mwaulemu, osati kuponya ngati mandasi. Zikapsa kunja kunkakhala gwa, m'kati mofewa ngati thonje. Ankang'amba pakati n'kuikamo bonya wokazinga ndi tomato ndi tsabola wa kambuzi, poti tinsomba ta m'nyanja yamchere timene sisitere ankaikamo kuno kulibe. Mwezi wa Ramadani ankayamba kukazinga dzuwa litapendeka, kuti anansi athu achisilamu apeze zotentha pomasula. Fungo lake linkafika mpaka ku siteji. Linkalowanso m'makatani anga, m'mayunifolomu a ana ndi m'chitenje changa cha kutchalitchi, ndipo ndisaname, ndinkalalata.

Chimene chinabweretsa mavuto ndi kaperekedwe kawo. Mukudziwa mmene mzimayi woleredwa bwino amalandirira chinthu kwa munthu wamkulu. Amapinda mawondo pang'ono, n'kutambasula dzanja lamanja, lamanzere litagwira pamkono wamanjawo. Ndiye kuti ulemu womwewo unkaphimba pamalo penipeni pamene bambo ankafuna kuona. Iwo ankaimitsa supuni m'malere n'kunena kuti, "Chotsani dzanja linalo, mayi. Tambasulani manja onse, n'zotentha." Mayiyo akatambasula, bambo ankaweramira pafupi n'kuyang'anitsitsa, kenako n'kupereka ndi kamawu kotsika, "Idyani bwino." Wovala juzi ankamuuza kuti apinde mikono, mafuta angamudetsere. Panalinso china. Choyamba kuchoka m'chiwaya ankachiika pakasosa n'kuvundikira ndi kambale, osalola munthu kuchikhudza, ndipo dzuwa likamalowa ankachidya okha chozizira atayang'ana kukhoma.

Ku Bangwe kuno sungagawe chakudya chaulere sabata ndi sabata, n'kumayang'ananso anthu m'manja, anthu osakupekera nkhani. Zinayamba kumveka kukiyosiki kuti madala aja ndi okhwima, amawerenga m'manja mwa azimayi n'kuwatenga mwayi, ndipo chapakasosa chija ndiye chizimba chake. Mayi wina kaokala kake katagwa anati n'chifukwa cha zitumbuwa zimene anadya kwathu. Ana anayamba kuletsedwa. Loweruka lina bambo anakazinga lichero lonse, akuitana mpaka mawu kusasa, anthu n'kumangolambalala maso ali kumbali.

Ine zinandipweteka, chifukwa wolalata pa iwo ndinkafuna ndikhale ine ndekha, osati anthu a panjira. Ndinafunsa Fabiano, iye n'kuti anakula akuziona choncho ndipo amayi ake anamuletsa kufunsa. Ndiye masana omwewo ndinakakhala pansi chapatali pang'ono ndi mpando wawo.

"Bambo, mundikhululukire, ndifunse nawo. Kodi m'manja mwa anthu mumafunamo chiyani?"

Anavundukula kasosa kaja, n'kuyang'ana, n'kuvundikiranso.

"Ichi n'cha Luwiza," anatero. "Choyamba chinkakhala chake. Sankadikira kuti chizizire, mwana uja. Tsiku lina ine ndatembenuka kuti nditenge mchere, iye wapisa kale dzanja m'chiwaya."

Zotsalazo anandifotokozera osandiyang'ana. Nkhondo itafika pamishoni masisitere anasamutsidwa, anthu n'kubalalika. Iwo anabereka kumsana mkazi wawo woyamba, amene ankadwala, ndipo Luwiza anamuuza kuti agwire lamba wa thalauza lawo, asataye zivute zitani. Anayenda choncho m'tchire mpaka pafupi ndi mtsinje wa m'malire. Pamenepo mfuti zinalira, khamu lonse n'kuthamangira m'madzi, ndipo atafika tsidya lino anamva kuti lamba wapepuka. Anabwerera, anafuula, anafunsa m'misasa ya othawa nkhondo ku Mulanje konse. Mkaziyo anamwalira mumsasa akufunsabe za mwana. Nkhondo itatha bambo anapitako kangapo, n'kukapeza pamudzi pawo pamera tchire.

"Nkhope sindingaidziwe, apongozi, pano ndi mzimayi wamkulu. Dzina mwina anamusintha. Koma chipsera sichisintha, ndipo pakamwa sipaiwala."

Ndinalira mpaka chitenje kunyowa, ndikukumbukira lamba wanga uja ali lende kuseri kwa chitseko. Mawa lake ndinanyamula ndowa, ngakhale m'nyumba madzi analimo, n'kupita kukiyosiki. Ndinawauza azimayi aja zonse, ndipo mawu ena amene ndinawonjezerapo sindingawalembe pano. Bambo anandikwiyira sabata yathunthu kuti ndatulutsa za m'nyumba, moni wanga ankangoyankha ndi mutu. Koma Loweruka lotsatira anthu anabwerera, amanyazimanyazi, woyamba kufika n'kukhala mayi wa kaokala uja. Ndipo kuyambira pamenepo azimayi ankafika atatambasula kale manja onse awiri, ngakhale amene bambo anawaona kambirimbiri, ngakhale obadwira pa Bangwe pompano amene amayi awo timawadziwa. Bambo ankayang'anabe. Ogulitsa kumsika nawo akamva mzimayi akulankhula Chipwitikizi ankamulondolera kwathu.

Koma Marita palibe anamulondolera. Anali mzimayi wa ku Milanje, tsidya la Muloza, wobwera ndi matumba a nyemba kudzagulitsa ku Limbe. Loweruka limene anafika kunali chiperoni, kozizira zedi, ndipo a Nyagondwe anali atangobweretsa kumene mawese. Minibasi imene anakwera inafera pa siteji yathu, iye n'kutsika kuti awongole miyendo. Ine ndinali ndikuyanika zovala pamene ndinaona mzimayi wajuzi lalikulu akubwera mphuno patsogolo, n'kudzaima pakati panjira. Analankhula Chipwitikizi, ndipo liwu limodzi lokha ndi limene ndinalimva: akaraje. Zaka zonsezo panalibe munthu wa panjira amene anatchulapo dzina limenelo.

Supuni inagwa m'manja mwa bambo. Anamuitana kuti akhale, n'kuyamba kumufunsa m'Chilomwe, chimene ine ndimamvako pang'ono. Mzimayiyo anati makolo ake sawadziwa. Anatoledwa panjira nthawi ya nkhondo ali wamng'ono, analeredwa ndi masisitere pamodzi ndi ana ena, ndipo dzina lakuti Marita anamupatsa ndi iwowo. Pakati pawo panali sisitere wakuda wa ku Brazil amene ankawakazingira zimenezi pa Khirisimasi. Chichokereni kumeneko anali asanamvenso fungo limeneli. Msinkhu wake unali womwewo umene Luwiza akanakhala nawo.

Bambo anavundukula kasosa. Chikwatiwireni pakhomo pano ndinali ndisanaone kasosa kameneko kakuvundukulidwira munthu. Marita anagwada, n'kutambasula dzanja lamanja, lamanzere litagwira pamkono pamwamba pa juzi. Ine mtima unali m'malere, ndikudikira mawu aja akuti chotsani dzanja linalo. Sanawanene. Munthu amene anayang'ana mikono ya azimayi a tauni yonse, tsiku limeneli anaopa kuyang'ana. Anangomuikira m'dzanja, ndipo Marita anadya misozi ikugwera pachakudyacho.

Mawese amamata, ndiye atatha kudya ndinamubweretsera madzi osamba m'manja monga timachitira ndi mlendo aliyense. Marita anapinda juzi mpaka m'zigongono. Mikono yonse iwiri inali see, yopanda kachipsera ngakhale kamodzi. Ndinaona ine, anaonanso bambo. Ndinawamva akutulutsa mpweya pang'onopang'ono, ndipo ndinalakalaka madziwo ndikanawataya panjira.

Marita anaona nkhope zathu n'kufunsa kuti kwagwanji. Bambo anamuuza okha, zonse, za chiwaya, za lamba, za mtsinje. Iye anayang'ana mikono yake, n'kuitembenuza, n'kumafikisa wamanjawo ndi chala ngati chipseracho chingatulukire pansi pa khungu.

"Mwina chinapola, papa," anatero m'Chichewa chake chothyokathyoka. "Zipsera za ana zimatha."

Apo ndi pamene ndinazindikira kuti osaka anali awiri. Akanangovomera, palibe akanawatsutsa, ine sindikanatsegula pakamwa mpaka kufa. Koma bambo Zuze, amene ankakana ngakhale soda, anapukusa mutu.

"Ayi mwananga, chija sichingathe, ndinachimanga ndekha ndi nsanza. Sindiwe Luwiza."

Mafuta akungolira m'chiwaya, bambo anatola supuni ija pansi, n'kuipukuta ndi malaya awo oyera.

"Lero wadya chake," anatero. "Ubwerenso, udzadye chako."

Anabweradi, ulendo uliwonse umene ankabwera ndi nyemba. Ankawatengera khobwe wa ku Milanje, ndipo tsiku lina anafika ndi kathumba ka tinsomba tofiira touma ta m'nyanja yamchere, tenitenito. Bambo ananunkhiza kathumbako nthawi yaitali, ndipo bonya wanga anamunyoza mwezi wonse. Marita ankawatcha papa, iwo ankamutcha mwananga, ankamukalipira akachedwa kubwera komanso akavala zopepuka m'nyengo yozizira. Koma pakhonde panakhala masosa awiri. Choyamba chinali cha Luwiza, chachiwiri cha Marita, ndipo sanasokonezepo ngakhale tsiku limodzi.

Zaka zomalizira maso awo anachita ng'ala. Chipsera sakanachionanso, ndiye anayamba kupapasa. Mzimayi akatambasula manja, iwo ankayendetsa chala chachikulu pamkono wamanja, pang'onopang'ono, ndipo azimayi a ku Bangwe, amene sachedwa kutukwana munthu wowagwira, ankangoima phee mpaka amalize. Mkono nawonso unatha mphamvu. Tsiku limene phala linawakanika anakhala kanthawi mthiko uli m'manja, kenako anaulozetsa kumene ankamva kuti ndaima.

"Apongozi, tengani. Koma musamenye ngati mukumenya Fabiano. Muzikweza m'mwamba, mphepo ilowe."

"Bambo, ine Fabiano ndinamumenyapo liti?"

"Ndi pakamwa, tsiku lililonse. Menyani, phala likugona."

Ndinamenya mpaka phewa kuwawa, iwo akumvetsera kulira kwa mthiko n'kumati bado, bado, silinafike. Atapisamo chala n'kulawa anati zikhoza kudyedwa ndi anthu anjala. Kwa bambo Zuze kumeneko kunali kuyamikira, ndipo ndinasangalala ngati mwana wakhoza mayeso.

Sanadwale nthawi yaitali. Lachisanu lina ali gone m'chipinda, chakudya atachikana, anandiitana.

"Apongozi, lero n'lachingati?"

"Lachisanu, bambo."

"Mwaviika?"

"Ndaviika, bambo."

"Wa diso lakuda?"

"Yemweyo, wa Marita uja."

Anagwedeza mutu n'kutembenukira kukhoma. Anamwalira m'mawa wa Loweruka, khobwe ali m'madzi. Marita anafika tsiku lomwelo, analowa m'nyumba ya siwa akulira m'Chilomwe, ndipo anthu atafunsa ngati ameneyu ndiye mwana wotayika uja, Fabiano anangoti ndi achemwali anga. Khobwe uja tinamukazinga pamaliro ine ndi Marita, tikulira, tikukangana za mchere.

Chichokereni tsiku limenelo sindinayatsenso mbaula yawo. Ndinkati ndikayang'ana mphero mtima unkandiwawa, ndiye ndinaikankhira kuseri kwa nyumba. Makatani anga anayera, chitenje cha kutchalitchi chinayamba kununkhira sopo, ndipo sindinasangalale nazo ngakhale pang'ono. Ndimawasowa madala aja, ndimawasowa koopsa. Pakhonde zonse zili mmene anazisiyira. Mpando wawo wolukidwa ndi malamba a matayala uli pakona, mwendo umodzi utatsamira pa kachidutswa ka njerwa. Pasimenti pali bwalo lakuda pamene pankakhala mbaula, ndipo khoma lili ndi mwaye umene ndaukwecha kawiri koma ukukana. Pamsomali pali kansalu kamene ankagwirira chiwaya. Anthu ochokera ku siteji amatembenukirabe kuno akamadutsa, kenako n'kuyang'ana kutsogolo.

Loweruka lapitali ndinatulutsa mphero, n'kupera, n'kumenya. Zinatuluka zophwatalala, zolemera, zoti bambo akanati "Epa!" n'kuzipereka kwa nkhuku. Choyamba ndinachiika pakasosa n'kuvundikira, n'kukasiya pampando wawo. Fungo litangoyamba kukwera ndi pamene chinthu chinandilasa mumtima, moti ndinakhala pansi. Chaka chathunthu panjira pano panalibe fungo. Nanga ngati anadutsa? Nanga ngati anatsika minibasi ndi mtolo wake, n'kudutsa pakhomo pa bambo ake, osamva kanthu?

Chakumasana kunabwera mzimayi wachilendo, wamsinkhu wa Marita, atasenza thumba. Anachepetsa liwiro, n'kununkhiza, ndipo ine ndinamuitana. Anapinda mawondo, n'kutambasula dzanja lamanja, lamanzere litagwira pamkono. Ndinangomva pakamwa panga pakunena pokha.

"Chotsani dzanja linalo, mayi. Tambasulani manja onse, n'zotentha."

Anatambasula modabwa. Panalibe chipsera. Ndinamuuza kuti adye bwino, iye n'kuthokoza n'kumapita. Ndinatembenukira kukona kuti ndinene kuti bambo, si ameneyu, koma pampando panali kasosa kokha. Ndinakasiya pomwepo chivundikirire mpaka dzuwa linalowa.